Joan Wake, Mayi Amene Ankapempha Mapepala Akale Khomo ndi Khomo

Pa 1 Januwale 1926 ku England kunayamba kugwira ntchito lamulo latsopano la za malo, ndipo m'maso mwa anthu ambiri milu ya zikalata zakale inasanduka zinyalala tsiku lomwelo. Kwa zaka mazanamazana alimi ochuluka a m'midzi ya kumeneko ankakhala pa minda yawo mwa dongosolo lotchedwa copyhold. Munda unali pansi pa bwana wa nyumba yaikulu ya pamudzipo, ndipo umboni woti mlimi ali ndi ufulu wolimapo unali mawu olembedwa m'kaundula wa bwalo la bwanayo. Bambo akamwalira, mwana ankakaonekera kubwaloko n'kulipira ndalama yolowera, mlembi n'kulemba dzina lake pa chikopa cha nkhosa, iye n'kupatsidwa kope loti akasunge kunyumba. Dongosololi litathetsedwa, maloya amene ankasunga zikopazo m'mabokosi achitsulo anayamba kudzifunsa kuti akuzisungiranji. Zikopa zolembedwa zinali ndi msika wake: ena ankaziphika n'kupanga guluu, ena ankazidula n'kupanga zophimbira nyale za m'nyumba. Zotsala ankangozikoleza moto.

Nyumba ya malamulo inaliona vutoli, ndipo inaika zikalata za mabwalo amenewa m'manja mwa woweruza wamkulu wotchedwa Master of the Rolls kuti aziziyang'anira. Koma lamulo silinyamula bokosi. Pankafunika munthu wamiyendo woti akagogode pakhomo la loya, akwere kudenga kwa nyumba ya bwana, apukute fumbi ndi ndowe za makoswe, awerenge zimene zalembedwazo, kenako apeze chipinda chouma choti azisungemo. M'chigawo cha Northamptonshire, pakatikati pa England, munthu ameneyo anali Mayi Joan Wake, ndipo pamene lamuloli linkafika n'kuti iwo atayamba kale ntchitoyi zaka zisanu m'mbuyomo.

Anabadwa pa 29 Febuluwale 1884 ku Courteenhall, mudzi waung'ono wa kumwera kwa tauni ya Northampton. Bambo awo, Sir Herewald Wake, anali mwini wa nyumba yaikulu ya pamudzipo, wachikhumi ndi chiwiri pa mzere wa amuna a m'banjamo olandira ulemu wa baronet. Banjali limadzitcha mbumba ya Hereward the Wake, msilikali amene anakana kugonjera William wa ku Normandy atalanda England mu 1066, n'chifukwa chake dzina la Hereward limabwerezedwabwerezedwa mwa ana awo aamuna. Mlongo wawo wa Mayi Wake, Sir Hereward, anakwera mpaka kukhala mkulu wa asilikali. Mwana wamkazi wa m'nyumba yotere njira yake inali yolambulidwa kale: kuphunzirira pakhomo, kukwatiwa ndi mwana wa bwana wina, kuyendera odwala a m'mudzi, basi. Mayi Wake sanakwatiwe. Mu 1913, akuyandikira zaka 30, anapita ku London School of Economics kukaphunzira kuwerenga zolemba zamakedzana, ndipo mmodzi wa aphunzitsi awo anali Hubert Hall, katswiri wa ku Public Record Office, nkhokwe ya zikalata za boma.

Luso limeneli lisatipite pambali, chifukwa ntchito yonse ya mayiwa inatsamira pa ilo. Chikalata cha m'zaka za m'ma 1200 sungachiwerenge pongodziwa Chingerezi. Chinalembedwa m'Chilatini, mwina m'Chifalansa chakale, ndipo alembi a nthawiyo ankadula mawu pofuna kusunga chikopa ndi inki: liwu la zilembo khumi ankalilemba ndi zitatu, pamwamba n'kuikapo kamzere. Kalembedwe nakonso kankasintha mbadwo ndi mbadwo, moti munthu wozolowera amatha kuyang'ana mmene chilembo chimodzi chapindikira n'kunena kuti chikalatachi ndi cha nthawi ya mfumu yakuti. Zikalata zambiri zilibe deti. Umachita kulizindikira poona mayina a mboni zolembedwa kumunsi ndi chidindo cha phula cholendewera pa kachingwe. Kuona maso a nkhono n'kudekha. Munthu wopanda luso limeneli akalowa m'chipinda chodzaza zikopa amangoona zinthu zakuda zonunkha nkhungu. Mayi Wake ankaonamo midzi, malire a minda, ngongole ndi maukwati.

Nkhondo yoyamba ya dziko lonse inagwedeza nyumba zazikulu za kumidzi. Ana aamuna oyenera kulowa m'malo mwa makolo anafera ku France, msonkho wa chuma chamasiye unakwera, ulimi sunkapindulanso, ndipo mabanja ambiri anayamba kugulitsa minda ndi nyumba zomwe. Nyumba ikagulitsidwa mipando ndi zithunzi zinkapeza ogula, koma mapepala a m'chipinda chosungira zikalata ankasowa mwini. Public Record Office ya ku London inkasamala za boma lalikulu lokha. M'zigawo, Bedfordshire ndi imene inali itatsogola potsegula ofesi yosungira zolemba zake mu 1913, pansi pa G. H. Fowler, m'zigawo zina zambiri kunali kungokhala. Mu Disembala 1920 Mayi Wake anayambitsa bungwe la Northamptonshire Record Society, ndipo anakhala mlembi wake kwa zaka zoposa 40. Mmodzi wa amene anawalimbikitsa kwambiri anali Frank Stenton, katswiri wa ku Reading wa mbiri ya England wamakedzana.

Chaka chimodzi chokha izi zisanachitike, mu 1919, moto unapsereza ofesi yaikulu ya boma ku Zomba, ndipo zolemba zambiri za zaka zoyambirira za ulamuliro wa atsamunda kwathu kuno zinathera pomwepo. Aliyense amene anayesapo kufufuza mbiri ya nthawi imeneyo amalidziwa dzenje limene moto uja unasiya. Ndikamawerenga za Mayi Wake ndimakhala ndikuganiza za dzenjelo. Madzi akatayika sawoleka.

Mabungwe otere ku England analipo kale, koma ambiri ntchito yawo inali kusindikiza zikalata zosankhika m'mabuku kuti akatswiri aziwerenga. Mayi Wake anaona kuti kusindikiza kokha n'kosakwanira pamene zikalata zenizenizo zikupsa. Bungwe lawo linasenza ntchito ziwiri pamodzi, kusindikiza ndi kusonkhanitsa, mpaka linasanduka nkhokwe ya chigawo chonse ngakhale silinali la boma. Apa m'pamene kubadwira m'nyumba yaikulu kunawathandiza. Northamptonshire ndi dera lodziwika ndi mabanja akale olemera: a Fitzwilliam a ku Milton, a Isham a ku Lamport, a Brudenell a ku Deene, a Montagu a ku Boughton, a Cartwright a ku Aynho. Mphunzitsi wamba wa kuyunivesite akanalemba kalata yopempha kuona mapepala a mabanja amenewa, mwina yankho likanabwera patatha miyezi, mwinanso osabwera n'komwe. Mwana wa Sir Herewald ankalowera khomo lakumaso, kumwa nawo tiyi, n'kufunsa kiyi wa chipinda cha zikalata. Omwe anagwira nawo ntchito ankawakumbukira ngati munthu wosamva kukanidwa, woti akafuna chinthu amabwerabwera mpaka mwiniwake atatopa n'kuvomera. Mbewa ya manyazi inafera kuuna, ndipo mayiwa manyazi otere analibe.

Njira imene ankagwiritsa ntchito inali yanzeru. Sankauza eni ake kuti apereke mapepalawo mpaka kalekale, chifukwa ambiri akanakana. Ankawapempha kuti angowasungitsa: katunduyo akhalabe wa banjalo, koma azikhala m'manja mwa bungwe, pamalo ouma, atalembedwa mumndandanda, ndipo aliyense wofuna kufufuza aziloledwa kuwerenga. Mwa njira imeneyi zinthu zimene kwa zaka 600 zinali chinsinsi cha banja limodzi zinafika poti mwana wa wosoka nsapato wa ku Northampton akhoza kuzipempha n'kuziyala patebulo. Kwa ine, pa zonse zimene anachita, chachikulu n'chimenechi. Mwayi wa kubadwa kwawo anausandutsa khomo lolowera anthu ena.

Mabuku a bungweli akusonyeza kumene mtima wawo unali. Loyamba, limene analikonza okha n'kutuluka mu 1924, silinali la mafumu kapena mabishopu. Linali la zolemba za bwalo la milandu la chigawocho, lomwe linkakumana kanayi pachaka, za mu 1630 ndi za m'ma 1657. Mabwalo amenewa ndiwo ankaweruza wakuba nkhosa, wogulitsa mowa popanda chilolezo, mudzi wolekerera msewu kapena mlatho, bambo wokana mimba, ndiponso mkangano wa midzi iwiri yokanirana mmphawi woti imudyetse. Mu 1926 anatulutsa lina la mindandanda ya amuna oyenera kunkhondo kuyambira 1586 mpaka 1623, ndi za miyuni imene inkayatsidwa pamapiri kuchenjeza anthu adani akamabwera, monga mmene zinalili mu 1588 pamene zombo za Spain zinkaopseza England. M'mindandanda yotere muli mayina a anthu amene sanalembepo kalata moyo wawo wonse, ndipo pena dzinalo ndi chokhacho chimene chinatsala cha munthuyo padziko. Mu 1930 Stenton anakonzera bungweli buku la zithunzi za zikalata zakale kwambiri zopezeka m'nyumba za m'chigawocho.

Sanafune kuti mbiri ikhale ya akatswiri okha. Mu 1925 analemba kabuku kolangiza amayi a m'magulu a Women's Institute mmene angalembere mbiri ya mudzi wawo, pamodzi ndi mmene moyo ulili lero lino. Mbali yachiwiriyi ndi imene imandigwira mtima. Munthu amene tsiku lonse amagwira zikopa za zaka 700 ankadziwa kuti zimene agogo akukamba pamoto lero, mayina a minda ndi a zitsime, mmene ankakololera makina asanabwere, mawa zidzasowa kuposa zikopazo, chifukwa palibe loya amene amazisunga m'bokosi. M'chigawo chomwechi munali mutadutsa kale mayi wina wa mtima wotere, Ann Elizabeth Baker, amene ankayenda ndi mlongo wake George pamene iye ankalemba mbiri ya Northamptonshire, ndipo mu 1854 anatulutsa buku la mawu ndi zining'a za anthu a kumeneko. Mu 1948 Mayi Wake anayambitsa magazini ya Northamptonshire Past and Present yolembera anthu wamba okonda mbiri ya kwawo, ndipo ikutulukabe.

Kabuku kawo ka mu 1935, Northampton Vindicated, kakuonetsa bwino phindu la pepala losungidwa. Njanji yaikulu yochokera ku London kupita ku Birmingham, imene Robert Stephenson anaimanga n'kutsegulidwa mu 1838, inailambalala tauni ya Northampton. Inadzera ku Roade, pafupi penipeni ndi Courteenhall, n'kupitirira ku Blisworth. Kwa zaka pafupifupi 100 nkhani inkamveka yoti anthu a m'tauniyo, chifukwa cha umbuli ndi kuuma mutu, anaikana okha njanjiyo, ndipo ndiwo anachititsa kuti akatswiri avutike kuboola phiri ku Kilsby. Nkhaniyi inalowa m'mabuku, ana n'kumaiphunzira, eni tauni n'kumaivomereza mwamanyazi. Mayi Wake anabwerera ku zolemba za nthawiyo, ndipo anapeza kuti anthu ambiri a m'tauni ankaifuna njanji, kuti otsutsa kwambiri anali eni minda ikuluikulu, komanso kuti vuto lenileni linali mmene dziko linakhalira. Northampton ili m'chigwa cha mtsinje wa Nene, ndipo sitima za nthawi imeneyo zinalibe mphamvu yotsika n'kukweranso chitunda chotero. Taonani kuti olakwa m'nkhaniyi anapezeka kuti ndi anthu a mtundu wa makolo awo omwe, koma analemba zimene mapepala ananena.

Nkhondo yachiwiri ya dziko lonse inabweretsa mdani wina woopsa kuposa mabomba, ndipo anabwera atavala nkhope ya kukonda dziko. Mapepala atasowa, boma linalimbikitsa anthu kupereka mapepala onse akale kuti akagayidwe n'kupangidwanso atsopano. Maofesi a maloya, matchalitchi ndi nyumba zazikulu anayamba kukhuthula mashelefu mokondwera, poganiza kuti akuthandiza asilikali. Munthu woima pakhomo n'kunena kuti thumba ili lisapite ankaoneka ngati wosakonda dziko lake. Mayi Wake anaima pakhomopo. Anazungulira maofesi a maloya a m'chigawocho, kusanthula milu isanakwezedwe pa lole, kupatula zofunika n'kulola zachabe zipite. Sanali okha pa nkhondo imeneyi. Bungwe la British Records Association, lokhazikitsidwa mu 1932, linali ndi nthambi yopulumutsa zikalata imene Ethel Stokes ankaiyendetsa ku London. Ku Suffolk kunali Lilian Redstone, ku Lincoln kunali Kathleen Major. N'zochititsa chidwi kuti ntchito yafumbi imeneyi, ya malipiro ochepa kapena yopanda malipiro n'komwe, inagwera kwambiri amayi, pamene mipando ya uprofesa inali ya abambo amene pambuyo pake analemba mabuku otchuka kuchokera m'mabokosi omwewo.

Nkhondo itatha, katunduyo anali atachuluka moti anasowa pokhala. Anasungidwa ku Lamport Hall, nyumba ya Sir Gyles Isham, mnzawo wapamtima wa bungweli. Mu 1952 makhonsolo a m'chigawocho anavomera kusenza udindowu, ndipo panakhazikitsidwa ofesi ya boma yosunga zolemba, yokhala ndi antchito olipidwa. Zimene munthu mmodzi anaziyamba ndi bungwe la anthu ongodzipereka zinakhala tsopano ntchito ya boma. Koma Lamport ndi kumudzi, kutali ndi anthu ambiri ofuna kuwerenga, ndipo nyumbayo inali ya eni ake.

Apa m'pamene nkhani ya Delapré Abbey ikulowera. Nyumbayi ili kumwera kwa tauni ya Northampton, pamalo pamene cha m'ma 1145 panamangidwa nyumba ya masisitere. Mu 1290 mtembo wa Mfumukazi Eleanor unagonekedwa pamenepa usiku umodzi pa ulendo wopita ku London, ndipo mtanda wamwala umene mwamuna wake Edward I anaumika pokumbukira ulipobe chapafupi. Mu 1460 nkhondo ya Northampton inamenyedwera m'minda yake. Masisitere atachotsedwa mu 1538 inakhala nyumba ya banja la Tate, kenako la Bouverie, mpaka khonsolo ya tauni inaigula mu 1946. Pofika m'zaka za m'ma 1950 inali itawonongeka, ndipo khonsolo inaganiza zoigwetsa. Mayi Wake, ali ndi zaka zoposa 70, anaona kuti mavuto awiriwa akhoza kuthetsana: mapepala opanda nyumba, nyumba yopanda ntchito. Anatsogolera kampeni yosonkhetsa ndalama zoikonzera, kulemba makalata, kuyankhula m'misonkhano, kupempha kwa olemera ndi kwa anthu wamba omwe. Khonsolo inabweza maganizo ake, ndipo mu 1959 nkhokwe ya zolemba za Northamptonshire inatsegulidwa ku Delapré. Chaka chotsatira anapatsidwa ulemu wa CBE. Yunivesite ya Oxford, imene inayamba kupereka madigiri kwa akazi mu 1920, chaka chomwe iwo ankayambitsa bungwe lawo, inali itawapatsa kale digiri yaulemu.

Pali funso limene sindingalizembe. Mapepala amene anapulumutsidwawa ambiri analembedwa ndi eni minda, akapitawo awo ndi maloya awo. Mmphawi amalowamo ngati wobwereka, wolephera lendi kapena woimbidwa mlandu. Buku lalikulu la Mayi Wake eni ake, The Brudenells of Deene la mu 1953, ndi mbiri ya banja lolemera, banja la Earl of Cardigan uja amene anatsogolera asilikali a pa akavalo ku Balaclava mu 1854. Minda ya m'mudzi wa Helpston itagawidwa n'kutchingidwa ndi mipanda kuyambira mu 1809, mapu ndi zikalata zinalemba maekala a aliyense molondola, koma ululu wa anthu amene anataya madambo odyetserako ziweto timaumva kwa John Clare, mlakatuli wosauka wa m'mudzimo, osati m'bokosi la loya. Zimenezi n'zoona, ndipo wowerenga zikalata zotere ayenera kukumbukira nthawi zonse kuti cholemberacho chinali m'dzanja la yani.

Komabe taonani zimene zinatuluka m'mabokosi omwewo. Mu 1960 bungweli linasindikiza Carte Nativorum, kaundula wa nyumba ya amonke ya ku Peterborough wa m'zaka za m'ma 1300, wokonzedwa ndi C. N. L. Brooke ndi M. M. Postan. Amonkewo anaulemba pofuna kudziwa za minda ya anthu awo, alimi amene mwa lamulo sanali mfulu ndipo sankayenera kukhala ndi malo awoawo. Koma kaundulayo anaonetsa alimi omwewo akugulitsana ndi kugulana timinda, ekala imodzi apa, theka apo, akulemberana zikalata ngati mabwana. Bukuli linasintha mmene akatswiri ankaganizira za mlimi wamakedzana wa ku England, ndipo mkangano umene linayambitsa unatenga zaka zambiri. Chimene bwana analemba pofuna kulondola chuma chake chinadzakhala umboni wa nzeru ndi khama la anthu amene ankawapondereza.

Mayi Wake anatula pansi udindo wa mlembi mu 1963, koma cholembera sanachisiye. Mu 1971, ali ndi zaka 87, anatulutsa pamodzi ndi Deborah Champion Webster makalata a Daniel Eaton, kapitawo wa ku Deene, amene ankalembera bwana wake pakati pa 1725 ndi 1732 kumuuza za lendi, mitengo, ziweto ndi antchito a pamundapo. Atalemba kale za mabwana a nyumbayo, buku lawo lomaliza linali mawu a wantchito. Anamwalira pa 15 Januwale 1974, kutatsala milungu yochepa kuti akwanitse zaka 90.

Mapepala anakhala ku Delapré zaka zoposa 30, kenako kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990 anasamutsidwira m'nyumba yomangidwira ntchitoyo ku Wootton Hall Park, m'tauni momwemo. Delapré inatsalanso yopanda ntchito kwa kanthawi, koma panalibenso wolankhula zoigwetsa; inakonzedwa, ndipo mu 2018 inatsegulidwa kuti anthu azikaiona. Ku Wootton, munthu wofuna kudziwa kumene agogo a agogo ake ankalima amalemba nambala pa kapepala n'kupereka pa kauntala, ndipo patapita mphindi zingapo amamubweretsera bokosi.